Tebulo limodzi, mitima kutali

M'chaka cha 2018, anthu omwe adapita kukaonera filimu ya Incredibles 2 m'nyumba zoonetsera kanema adayamba aonetsedwa kafilimu kena ka mphindi 8 zokha. M'kafilimuko muli mayi yemwe akuletsa mwana wake kuchoka pakhomo. Mwanayo akukakamira, wagwira kale chitseko. Mayiyo, zitamukwana, akumukwatula mwanayo, nkumuponya m'kamwa, nkumeza.

Ena mwa oonera adaseka, ena adangoti kukamwa yasa, koma padalinso ena omwe adapukuta misozi. Olirawo adali atazindikira kuti nkhaniyo ndi ya kunyumba kwawo.

Filimuyo ndi Bao, ya kampani ya Pixar ya ku America, ndipo idapata mphoto ya Oscar m'chaka cha 2019. Ndi imodzi mwa mafilimu aafupi angapo omwe kuyambira m'chaka cha 2000 alimba mtima kukhudza nkhani yomwe mabanja ambiri amaizemba: anthu a magazi amodzi, ogona denga limodzi, odyera patebulo limodzi, koma osadziwana za kumtima.

M'mabanja otere simukhala ndewu. Palibe womenya mnzake ndipo palibe wothawa udindo. Fizi ikulipidwa, ndiwo zikugulidwa, wodwala akupita naye kuchipatala. Chosowa ndi mawu okha. Ndiye poti kusowa kwa mawu sikutupitsa diso la munthu, ankhoswe saitanidwa ndipo nkhani siifika kwa mfumu.

Apa mpomwe mafilimu aafupi akuthandiza. Akuonetsa poyera kuti munthu angathe kukondedwa moyo wake wonse koma nkumadzimva ngati wamasiye, chifukwa choti womukondayo sadamudziwitse. Akuonetsanso kuti kawirikawiri mawu osungidwa amatuluka woyenera kuwamva atapita kale.

Bungwe lomwe limapereka mphoto za Oscar limati filimu yaifupi ndi yomwe siposa mphindi 40. Mafilimu asanu omwe nkhani ino ikukamba palibe ndi imodzi yomwe yofika pamphindi 25. Kufupikako nkomwe kumawapatsa mphamvu.

Filimu yaitali imakhala ndi malo ambiri obisalamo. Chitsanzo chapafupi ndi The Boy Who Harnessed the Wind ya m'chaka cha 2019, yomwe Chiwetel Ejiofor adajambula kuchokera pa mbiri ya William Kamkwamba wa ku Wimbe m'boma la Kasungu. M'filimuyo muli kusamvana kwa bambo ndi mwana wake pa nkhani ya njinga yomwe mnyamatayo akufuna kuiphwasula kuti apangire makina oyendera mphepo. Koma kusamvanaku kuli pakati pa nkhani zina zikuluzikulu monga njala, ndale ndi kusowa kwa fizi. Woonera angathe kutuluka akukamba za magetsi, za bambo ndi mwana ataziiwala.

Filimu ya mphindi 10 ilibe mpata wotero. Wojambula amasankha chinthu chimodzi nkuchiika pamaso pa woonera, yemwe amasowa koyang'ana kwina. Poti nthawi njochepa, ojambula ambiri amachotseratu mawu nkusiya nkhope, manja ndi kakhalidwe ka anthu pamipando kuti zifotokoze nkhani. Nchifukwa chake mtundu umenewu wa filimu umagwirizana kwambiri ndi nkhani ya anthu osalankhulana.

Bao adailemba ndi kuitsogolera ndi Domee Shi, yemwe adabadwira ku China nkukulira mumzinda wa Toronto ku Canada. Iye adali mayi woyamba kutsogolera filimu yaifupi kukampani ya Pixar. Dzina la filimuyi ndi la chakudya cha Atchaina: amakanda ufa wa tirigu, mkati nkuikamo nyama kapena masamba, nkuphika ndi nthunzi.

Filimuyo ikuyamba ndi mayi wachikulire akukonza chakudyachi mosamala. Mwamuna wake akudya mothamanga nkunyamuka ulendo wa kuntchito. Mayi watsala yekha patebulo. Pomwe akuti alume bao womaliza, kachakudyako kakulira ngati khanda, ndipo iye akukatenga nkuyamba kukalera ngati mwana.

Kamwanako kakukula. Kakufuna kusewera mpira ndi anzake, mayi akukaniza poopa kuti kavulala. Kakufika paunyamata, kakudzitsekera kuchipinda ndi kukana chakudya chomwe mayi wavutikira kuphika. Tsiku lina kakubwera ndi bwenzi lachizungu, mphete ili kuchala, nkulongedza katundu. Apa mpomwe mayi uja akukameza.

Kenako zikudziwika kuti onsewa adali maloto a mayi yemwe mwana wake weniweni adachoka pakhomo atasemphana maganizo. Mnyamatayo wabwera, ndipo bambo ake akumukankhira kuchipinda komwe mayi agona atafulatira. Sakupepesa ndi pakamwa. Akungotulutsa kabokosi ka zakudya zomwe kale adazikana mayi ake atamupatsa, awiriwo nkukhala pabedi kumadya akulira.

Palibe angatsutse kuti mayi wa m'filimuyi amamukonda mwana wake. Koma chikondi chake chonse chidathera m'mbale. Mantha ake oti adzatsala yekha sadawatchulepo, ndipo mwana adangoona ngati waikidwa m'ndende. Akuluakulu adati mtima wa mnzako ndi tsidya lina. Mayi ndi mwana adaima tsidya ndi tsidya, aliyense akuyesa kuti mnzakeyo akuona zomwe zili kwa iye.

Tebulo lomwelo likupezekanso m'filimu ya If Anything Happens I Love You, ya mphindi 12, yomwe Will McCormack ndi Michael Govier adapanga. Idatuluka pa Netflix m'chaka cha 2020 ndipo idapata Oscar m'chaka cha 2021. Ikuyamba ndi bambo ndi mayi atakhala kumapeto awiri a tebulo lalitali, aliyense maso ali pambale yake. Pamwamba pawo, zithunzithunzi zawo zikukalipirana. Eni ake ali duu.

Pang'onopang'ono zikudziwika kuti mwana wawo wamkazi adaphedwa ndi munthu wa mfuti ali kusukulu, vuto lomwe lasautsa dziko la America kwa zaka zambiri. Mutu wa filimuyo ndi uthenga womwe mwanayo adatumizira makolo ake pafoni zinthu zitavuta, kuwauza kuti chilichonse chingachitike, iye amawakonda.

Chowawa m'filimuyi nchakuti mwana wamng'ono, imfa ili pakhomo, adapeza mpata wonena za kumtima kwake, pomwe makolo ake awiri, ali moyo, atakhala m'chipinda chimodzi, akulephera. Aliyense akulira payekha. Mayi akulira kochapira atapeza malaya a mwanayo, bambo akuzungulira panja. Aliyense akuopa kuti akatchula za malemuyo atsegula chilonda cha mnzake. Chisoni chomwe chikadawalumikiza chikuwagawa.

Yemwe adaonapo banja lomwe lataya mwana sangadabwe ndi zimenezi. Anthu akabalalika pamaliro, achibale atabwerera kwawo, m'nyumba mumatsala anthu awiri omwe aliyense wopepesa adawauza kuti alimbe mtima. Amalimbadi mtima, koma aliyense payekha, ndipo mabanja ena amatha pakapita chaka popanda wodziwa chomwe chidawathetsa.

Wina angaganize kuti vuto lonse ndi kuchepa kwa zolankhula m'nyumba. The Silent Child, filimu ya ku Britain ya mphindi 20 ya m'chaka cha 2017, ikutsutsa ganizo limeneli. M'nyumba ya m'filimuyi mawu ali mbwee. Makolo ndi ana okulirapo akukambirana za sukulu ndi za ntchito, aliyense akuthamangira zake. Pakati pawo pakhala Libby, kamtsikana kosamva, kakuyang'ana milomo ikugwedera popanda wokatembenukira.

Pakhomopo pakufika Joanne, wothandiza ana otere, yemwe akuyamba kumuphunzitsa Libby chinenero cha manja. Posakhalitsa mwana yemwe ankaoneka wamanyazi ndi wamakani wasanduka wansangala. Koma mayi ake akuimitsa maphunzirowo, ati mwanayo aphunzire kuwerenga milomo kuti afanane ndi anzake. Akumutumiza kusukulu komwe kulibe womuthandiza. Pomaliza Libby waima yekha pabwalo la sukulu, Joanne ali kunja kwa mpanda, ndipo mwanayo akumuuza ndi manja kuti amamukonda. Mawu amenewo akupita kwa mlendo chifukwa kunyumba kulibe yemwe adavutikira kuphunzira chinenero chake.

Filimuyi adailemba ndi Rachel Shenton, yemwenso akusewera ngati Joanne, ndipo adaitsogolera ndi Chris Overton. Bambo ake a Shenton adasiya kumva iye ali ndi zaka 12. Maisie Sly, yemwe akusewera ngati Libby, ndi wosamvadi. Polandira mphoto ya Oscar m'chaka cha 2018, Shenton adalankhula ndi pakamwa komanso ndi manja kuti mwanayo amve nawo.

Ana osamva oposa 90 mwa 100 aliwonse amabadwa kwa makolo akumva, choncho nkhani ya Libby ndi ya dziko lililonse. Kuno kuli sukulu za ana osamva monga Maryview ku Chiradzulu, Mua ku Dedza ndi Embangweni ku Mzimba. Mwana akaphunzira chinenero cha manja kumeneko nkubwera kutchuthi, kodi pakhomo amapeza angati oti nkucheza nawo? Ngati palibe, ndiye kuti mwanayo ali kwawo akakhala kusukulu, ndipo ndi mlendo akakhala kwa makolo ake.

Phunziro lake likuposa pa ana osamva. Pali nyumba zomwe wailesi siitsekedwa, malangizo satha, kutumana nkosalekeza, koma m'menemo muli mwana yemwe papita miyezi osafunsidwa chomwe chikumusowetsa tulo.

Abale aamuna nawo ali ndi filimu yawo. An Irish Goodbye, ya mphindi 23, adaijambula Tom Berkeley ndi Ross White ku Northern Ireland, ndipo idapata Oscar m'chaka cha 2023. Mutu wake ndi mawu omwe amanenedwa m'Chingerezi munthu akachoka pamalo osatsanzika.

Mayi wamwalira pafamu ina yakumudzi. Mwana wake Turlough, yemwe amakhala ku London, wabwera kumaliro. Maganizo ake ngoti agulitse famuyo, m'bale wake Lorcan, yemwe adabadwa ndi Down syndrome, akamutule kwa wachibale wina, iye abwerere kutauni. Lorcan sakufuna. Koma m'malo monena kuti akuopa kusiyidwa, akubwera ndi mndandanda wa zinthu 100 zomwe akuti mayi awo ankalakalaka kuchita asadamwalire. Akunenetsa kuti sachoka pafamupo mpaka awiriwo atazichita zonse, atanyamula phulusa la thupi la mayi awo.

Masiku akupita, ndipo abale omwe samatha kukhala limodzi osanyozana ayamba kusekera pamodzi. Kenako wansembe wa m'deralo akuulula mosadziwa kuti pepala lenileni la mayiwo sadalipereke kwa Lorcan. Mndandanda wonse mnyamatayo adaupeka yekha. Adapeka zinthu 100 pofuna kunena chinthu chimodzi, kuti m'bale wake asamusiye.

Oonera amaseka chifukwa filimuyi njoseketsa, koma ndi angati omwe sadachitepo za Lorcan? Pali gogo wa kumudzi yemwe amaimba foni kuti denga likudontha, pomwe chomwe akufuna nkuona nkhope ya mwana wake. Pali bambo yemwe amakalipa kuti feteleza wachedwa, pomwe chikumuwawa nchakuti mwana wa kutauniyo amangotumiza ndalama osabwera. Amati chibale ndi fupa sichiola, ndipo nzoona. Koma ena mwambiwu adausandutsa chilolezo chosasamala chibale, poganiza kuti adzachipeza chili momwemo tsiku lomwe adzachifune.

Yakale kwambiri mwa mafilimu asanuwa ndi Father and Daughter ya m'chaka cha 2000, yomwe adajambula Michaël Dudok de Wit wa ku Netherlands ndipo idapata Oscar m'chaka cha 2001. Ndi ya mphindi pafupifupi 8 ndipo mulibe liwu ndi limodzi lomwe. Bambo ndi kamwana kake kakakazi akupalasa njinga mpaka m'mphepete mwa madzi. Bambo akutsanzika, akutsikira kubwato, akubwereranso kudzamukumbatira mwanayo, kenako akupalasa bwato mpaka kuzimiririka. Komwe akupita sikukudziwika, tsiku lobwerera silikudziwikanso.

Mwanayo akubwerabwera pamalopo: ali wa sukulu, ali namwali pamodzi ndi anzake, ali ndi mwamuna, ali ndi ana ake, mpaka atakalamba. Nthawi zonse akuima, kuyang'ana kumadzi, nkubwerera. Pomaliza madzi aphwa ndipo pamera udzu. Nkhalambayo ikutsika, ikupeza bwato la bambo ake litakwiririka mumchenga, nkugonamo. Kukumana kwa awiriwo kukuchitika pambuyo pa kugonako, ndipo woonera amadziwa yekha tanthauzo lake.

Amalawi safunika womasulira kuti amve filimu imeneyi. Kuyambira nthawi ya atsamunda, amuna ambiri a dziko lino adapita kumigodi ya ku Joni ndi kumafamu a ku Rhodesia. Ena adabwerako ndi njinga ndi wailesi, ena adatchona. Mawu oti matchona adakhazikika m'chinenero chifukwa midzi yambiri idali ndi ana omwe adakula akuyang'ana kunjira. Lero ulendo wa ku Joni udakalipo, ndipo foni zilipo, koma mauthenga ambiri pakati pa opita ndi otsala amakhala a ndalama: zatumizidwa, zafika, zachepa.

Pali zotsutsa ziwiri zomwe nzofunika kuzimva. Choyamba nchakuti mafilimu onsewa adapangidwa kumaiko a Azungu, komwe kuuzana za chikondi nkosavuta ngati kupatsana moni, pomwe kuno ulemu umafuna kampata pakati pa wamkulu ndi wamng'ono. Mwana sayang'ana bambo ake m'maso, mkamwini amapatukira apongozi ake, ndipo bambo yemwe wagulitsa mbuzi kuti alipire fizi wanena kale zonse. Mfundoyi ili ndi nzeru. Kukhala chete kwina ndi ulemu, kwina nkuleza mtima, ndipo mabanja ambiri adapulumuka chifukwa wina adameza mawu omwe akadayatsa moto.

Koma nkhani ya Bao idachokera m'banja la Atchaina, anthu omwe nawo amalemekeza makolo ndipo sathamangira kuonetsa za kumtima. Kuonjezera apo, mafilimuwa sakupempha aliyense kuti ayambe kulankhula ngati a m'kanema. Atatu mwa asanuwa mulibe kulankhulana nkomwe. Mnyamata wa mu Bao adangobwera ndi chakudya nkukhala pafupi ndi mayi ake. Makolo a mwana wophedwa uja adangokumbatirana. Chomwe chidasintha nchakuti wina adadzuka pomwe adakhala nkupita pomwe padali mnzake, ndipo mnzakeyo adadziwa chomwe wabwerera.

Mbuzi yogulitsidwa ndi chikondi ndithu. Koma ngati mwana adalandira fiziyo pamodzi ndi mawu oti akalephera mayeso asadzapondenso pakhomo, chomwe adzakumbuke ndi mawuwo. Za mbuzi adzazimvetsa ali ndi ana ake, mwina bamboyo ali kumanda.

Chotsutsa chachiwiri nchakuti filimu imathetsa m'mphindi zochepa zomwe m'moyo weniweni zimatenga zaka 20, choncho imanamiza anthu. Apanso pali choonadi. Kusamvana kwa mayi ndi mpongozi wake sikutha chifukwa chophikira limodzi tsiku limodzi. Komabe si mafilimu onsewa omwe akuthera pabwino. Libby akutsala yekha kuseri kwa mpanda. Mwana wa ku Netherlands uja akudikira moyo wake wonse. Makolo a ku America aja akugwirana, koma mwana wawo sakubwerera.

Filimu siingayanjanitse banja. Ntchito yake nkupatsa anthu poyambira. Nkosavuta kuti mnyamata anene kuti mayi wa m'filimu uja adali ndi mantha kusiyana nkuti anene zomwezo za mayi ake omubereka atakhala pomwepo. Nthano za pamoto zinkagwira ntchito yomweyo. Kalulu ndi fisi ankasenza milandu ya anthu a m'mudzi, ndipo wolakwa ankadzimva yekha popanda womuloza chala.

Umboni woti mawu alipo koma amangosungidwa umapezeka pamaliro. Woimira banja amafotokoza ubwino wa malemu, ana amagula bokosi lodula, nkhata za maluwa zimaunjikana pamanda, ndipo pakapita nthawi chiliza chimamangidwa chokhala ndi mawu achikondi. M'nyuzipepala mumatuluka zikumbutso chaka ndi chaka. Nkutheka kuti malemuyo ali moyo sadamvepo ngakhale limodzi mwa mawu amenewo. Anawo sadali oipa mtima. Ankayembekezera tsiku labwino, kuiwala kuti chakudza sichiimba ng'oma.

Mtengo wa kukhala cheteku nthawi zina umaposa pa kudandaula kwa pamanda. Mwana wamwamuna amauzidwa akadali wamng'ono kuti mwamuna salira. Akakula nkugwa m'ngongole kapena banja likamuvuta, amapitiriza kumvera lamulo lomwelo. Malipoti a apolisi m'zaka zaposachedwapa akhala akuonetsa kuti ambiri mwa anthu odzipha m'dziko muno ndi amuna. Zifukwa zake nzambiri ndipo palibe filimu ingazithetse, koma kangati achibale amanena pamaliro otere kuti malemuyo sadanenepo kanthu? Funso loyenera kutsatira nlakuti kodi pakhomopo padali poti nkunenera.

M'makomo ambiri bambo amadyera payekha patebulo, mayi ndi ana ali pamkeka kapena kukhitchini. Mwambowu uli ndi chiyambi chake ndipo sudapangidwe ndi cholinga choipa. Koma zotsatira zake nzakuti munthu yemwe amavutikira banja lonse ndi yemwe amadziwa zochepa za banjalo. Nkhani za ana zimamufika kudzera kwa mayi, zitasefedwa kale, ndipo anawo amamudziwa ngati woweruza milandu ndi wosunga chikwama.

Opanga mafilimu m'dziko muno ali ndi mwayi pamenepa. Dandaulo lawo lalikulu limakhala la ndalama, ndipo nlomveka. Koma nkhani ya bambo ndi mwana omwe akhala pakhonde limodzi osapeza chokambirana siifuna galimoto zowombana kapena gulu la anthu 50. Imafuna osewera awiri aluso, kamera yabwino ndi wolemba yemwe adaonetsetsa m'mene anthu a kwawo amakhalira. Masewero ambiri amathamangira ufiti, chigololo ndi kulanda chuma cha amasiye chifukwa nkhani zimenezi zili ndi phokoso. Mabanja omwe akuvutika mwakachetechete ndi ambiri kuposa omwe akumenyana, ndipo nkhani zawo zikudikirabe wozijambula.

Aphunzitsi, atsogoleri a achinyamata m'mipingo ndi m'mizikiti, ngakhalenso alangizi a mabanja, angathe kugwiritsa ntchito mafilimu otere. Bao, Father and Daughter ndi If Anything Happens I Love You safuna kuwamasulira m'Chichewa monga amachitira ndi mafilimu a m'nyumba za vidiyo m'misika. Gogo yemwe sadapite kusukulu ndi mdzukulu wa ku yunivesite angathe kuonera limodzi pafoni imodzi, nsima isadapse, aliyense nkumva zonse. Chofunika nchakuti filimu ikatha pakhale wofunsa kuti kodi mayi uja adamumezeranji mwana wake, kenako nkudikira yankho mosathamanga.

Kwa omwe alibe foni yoonerapo kanema, phunziro la mafilimuwa nlotheka kulichita popanda kuwaona. Moni wa Chichewa uli ndi yankho lake lokonzeratu. Munthu akafunsidwa kuti ali bwanji amati ali bwino, ngakhale usiku wonse sadagone. M'mabanja ambiri kucheza kumathera pomwepo. Chomwe chimasowa ndi funso lachiwiri, lomwe lilibe yankho loloweza: za mnzake uja yemwe adasiya kubwera pakhomo, za ngongole ija, za malemu aja omwe dzina lawo silitchulidwanso m'nyumba.

Funso lotere silichotsa ulemu. Mwana angathe kulifunsa atagwada, ndipo bambo angathe kulifunsa akusenda chimanga maso ali pansi. Mwina tsiku loyamba yankho lidzakhala lakuti palibe vuto. Wofunsayo asakhumudwe, adzafunsenso sabata yamawa, chifukwa yemwe wakhala chete zaka 20 amayamba waonetsetsa ngati wofunsayo akufunadi kumva.